Sanabe, Anatenga

"Mkaidi uja wakana kudya."

Ndiwo moni amene Whiteson Tembo analandira atangofika pa polisi ya ku Fort Jameson m'mawa umenewo, njinga asanaiyedzamiritse n'komwe. Anasuzumira m'chitolokosi. Anali Lazaro Mbewe wa cha ku Madzimoyo, bambo amene iye mwini anammanga mwezi wathawo.

Mlandu wake sunali woti munthu n'kugwira pakamwa. Lazaro anatchera msampha m'famu ya fodya ya mzungu wina, nakola gwape. Khoti linamlamula kuti alipire chindapusa, apo ayi akagwire ndende miyezi itatu, ndipo linampatsa nthawi yoti akagulitse mbuzi yake. Nthawiyo itatha, mkuluyo anabwera yekha wapansi, chimanjamanja, kudzapempha kuti amuwonjezere masiku.

Woweruza anali mzungu amene anthu anamtcha Mafulumira, poti mlandu sunkachedwa m'manja mwake. Tsikulo womasulira anali chigonere ndi malungo, choncho a Mafulumira anamva okha pempholo ndi Chinyanja chawo, chimene kunena zoona sichinali choipa. Tsopano anaitana Whiteson namuuza m'Chingerezi kuti nkhalambayo ikunena kuti mbuzi inatengedwa ndi ana a ana ake.

"Zimenezi ndaziona kambiri," anatero a Mafulumira. "Abale amabisa chiweto, mwini wake n'kubwera kuno kudzalira. Pita ukaone, iye adikire m'chitolokosi. Ngati yabedwadi, ndimuwonjezera nthawi. Ngati yabisidwa, Loweruka alowa ndende."

Whiteson anamenya sawasha natuluka, koma nkhaniyo inammvetsa chisoni. Mvula yoyamba inali itagwa kale. Kutsekera mlimi nyengo imeneyo ndiye kuti munda wagona, ndipo chaka chamawa banja lonse lidya madeya opempha. Anabwerera kuchitolokosi nanjuta pafupi ndi mkaidiyo.

"Atate, ndithandizeni kuti nanenso ndikuthandizeni. Zidzukulu zanu zapita nayo kuti mbuzi?"

Lazaro anangoti zyoli. Anali munthu wamtali, wa manja okakala, mutu wometa mpala.

"Musawamange, bwana," anatero chapansipansi. "Sanabe. Anatenga."

"Kutenga chinthu mwini wake asakufuna, kwathu timati kuba. Tchulani maina."

"Sinditchula."

"Mukudziwa kuti mukapanda kutchula mulowa ndende?"

"Ndikudziwa. Ndikagwira."

Koma munthu ameneyu! Whiteson anadzuka atakwiya, mkwiyo uja umabwera ukamafuna kuwolotsa munthu iye n'kumakana dzanja. Ali pakhomo anatembenukira mlonda.

"Nanga mwammeta bwanji asanalowe ndende?"

"Ife? Sitinamkhudze. Anabwera ali chomwecho."

* * *

Kasimu, Myao wopha mbuzi, anali pansi pa mtengo wake kuseri kwa msika, akupirikitsa ntchentche ndi kanthambi. Iyeyu ukamfunsa funso limodzi umayenera kukhala pansi.

"Mbuzi ya Lazaro? Ha! Achimwene, musandikumbutse. Mfule wakuda bii, kamzera koyera pamsana, mafuta okhaokha. Ndinapita ndekha mpaka kumudzi, ndinaigwira m'nthiti ndi manja awa. Tinapangana kuti abwera nayo yamoyo ndizinge ndekha, poti nyama yozinga wina ife sitigulitsa. Ndinanola mpeni, ndinauza khukhi wa ku hotela, ndinauza amwenye a m'masitolo. Mbuzi osabwera! Mulungu ndi mboni, ndinachita manyazi ngati wabodza."

"Kapena inabwera mwakachetechete, a Kasimu, inu n'kusungira mnzanu ndalama?"

Kasimu anaponya kanthambi pansi. "Zikopa zanga ndi izo pachingwe. Zitembenuzeni zonse!"

Whiteson anazitembenuzadi, poti ntchito ya upolisi ilibe manyazi. Panali zofiirira, zamawanga, ndi chimodzi choyera. Chakuda cha mzera panalibe.

"Mwamuonako Lazaro chipanganireni?"

"Anadutsa pano dzana. Ndinamuitana, ndikuti ndimkalipireko pang'ono. Anandiyang'ana ngati sandidziwa, n'kupitirira. Mkwiyo wanga unathera pompo. Munthu uja sali bwino."

"Ali ndi zidzukulu zingati?"

"Zidzukulu?" Kasimu anakanda ndevu. "Pakhomo paja ndinaonapo mwana wake mmodzi yekha, Annie. Woyembekezera, mwamuna wake ali kunkhondo. Anandigwadira pondipatsa madzi, ine n'kumuuza kuti asavutike, mimba ili apa. Mwana waulemu zedi. Zidzukulu ine sindinazione, ngakhale kamwana kamodzi."

Whiteson anakwera njinga mutu utaima. Ngati Lazaro analibe zidzukulu, ndiye kuti ananamiza khoti. Nanga ankadziponyera m'ndende chifukwa cha yani?

* * *

Msewu wa ku Madzimoyo unali matope okhaokha, ndipo malo ena njinga ndi imene inakwera Whiteson. Atafika m'mudzimo dzuwa lili pamutu, anthu anangoona kabudula wa khaki ndi chisoti, mudzi wonse kuti zii. Amene ankasinja anasiya musi mumtondo. Ngakhale agalu anakumbukira kuti ali ndi zochita kwina.

Anayamba ndi khola. Chitseko chinali chabwinobwino, chomangidwa ndi luzi, popanda mtengo wothyoka kapena wozulidwa. Wakuba sabwerera kudzamanga chitseko. Pabwalo la Lazaro panalibe nkhuku ndi imodzi yomwe, koma nthenga zinali mbwee m'matope kuseri kwa nkhokwe. Ndipo mafuwa, abale! Apa atatu, apo atatu, uko atatu, phulusa lake litanyowa ndi mvula. Pakhomo pa anthu ochepa chotere panaphikidwa chakudya cha chikhamu.

"Dima," anadziuza Whiteson. Nkhalamba yaitana anthu kudzailimira, yawaphera nkhuku ndi mbuzi, kenaka n'kukalira kukhoti. Zinamuwawa, chifukwa ankafuna kuti Lazaro akhale wosalakwa.

Munthu yekhayo amene sanathawe anali mayi wa nyumba yoyandikana nayo, Rabecca. Anali khale pamphasa, miyendo tambalale, akuyamwitsa mwana. Sanadzuke, sanagwade, ngakhale kusendera kuti mlendo akhale nawo.

"Amai, ndikufunsako za mbuzi ya a Mbewe."

"Mbuzi? Ine nine mkazi, za mbuzi ningadziwe bwanji?"

"Mafuwa onsewa ndi a chiyani?"

"Kwanu saphika?"

"Zidzukulu za a Mbewe zimakhala nyumba iti?"

Rabecca anamuyang'ana ngati wamva chilankhulo cha kutali. Anasinthira mwana kubere lina.

"Pakhomo pano mwamuna ndani?"

"Atate anga, a Boaz. Ali kumunda. Na tsiku lija anali kumunda, anachoka mbandakucha, anabwera dzuwa litalowa. Funsani aliyense."

"Tsiku liti, amai? Ine sindinatchule tsiku."

Whiteson anali ataona kale kuti ntchentche sizinkafuna mwana kapena mayi, zinkangozungulira m'mphepete mwa mphasa. Anawerama nakweza ngodya yake ndi zala ziwiri. Pansi pake panali chikopa chosauma bwino, chakuda bii, ndipo atakoka pang'ono kamzera koyera kanatulukira.

"Mayo ine!" Rabecca anakumbatira mwana wake, misozi ili chuchuchu. "Atate si akuba, bwana! Pitani mukafunse a Edita. Mukamva, ndiye mubwere mutimange tonse."

* * *

Chitseko cha nyumba ya Lazaro chinali chotsekula pang'ono, utsi ukutuluka mwaulesi. Whiteson anaodira. Mawu otopa anamuyankha kuti akhale pakhonde, mwamuna salowa. M'kati, pafupi ndi khomo, munali mayi wachikulire atafunda nsalu mpaka m'khosi. Ameneyo ndiye anali Edita, mkazi wa Lazaro, ndipo nayenso mutu unali wometa mpala.

Whiteson anauona mutuwo, china chake n'kumugunda mumtima, koma pakamwa panali patayamba kale ntchito.

"Amai, chikopa ndachipeza. Amuna anu akuti mbuzi inatengedwa ndi zidzukulu zanu. Nditulutsireni zidzukuluzo, nkhani ithe."

Edita anamuyang'ana nthawi yaitali, osati mokwiya, koma ngati akumvera chisoni mwana wa eni. Kenaka anafundukula nsalu pachifuwa. Munali kakhanda kofiira, nkhonya zitafumbatidwa, kali m'tulo.

"Mdzukulu wathu ndi yekhayu, bwana. Ndi dzina lomwe alibe. Mmangeni, koma mumgwirize mutu, khosi silinalimbe."

Whiteson anavula chisoti osadziwa kuti wavula.

"Amake ali kuti?"

Edita analoza ndi milomo kumsitu wa mitengo italiitali kumapeto kwa mudzi, kumene anthu satemako nkhuni.

Zonse zinamgwera Whiteson nthawi imodzi: mitu yometa, mafuwa, nthenga, chitseko chosathyoka. Adzukulu! Lazaro sananene za ana a ana ake ayi. Ananena adzukulu a pamaliro, anthu okumba manda ndi kunyamula mtembo, amene mwambo umawalola kugwira nkhuku kapena mbuzi iliyonse ya pakhomo pa namfedwa, popanda wowaletsa. Mzungu anatola tanthauzo limodzi la liwulo naliika m'Chingerezi, ndipo iye Whiteson, mwana wa kuno, amene anakumbako manda ndi manja ake, analibweza m'Chinyanja lili lopotoka n'kuyenda nalo tsiku lonse. Anachita manyazi oti akanatha kulowa pansi.

"Pepani, amai. Pepani ndithu. Sindinadziwe."

"Mukanadziwa bwanji? Amuna anga aja sanena." Edita anafunditsanso khandalo. "Gwape uja anakolera Annie yemweyo. Mimba inkafuna nyama, mwana ankangolota nyama. Anadya kamodzi, tsiku lotsatira inu munabwera. Sindikukunenani, ndi ntchito yanu."

Akanamtukwana zikanakhala bwino. Whiteson anangoyang'ana matope a pamapazi ake.

"Annie anachira bwinobwino, mwana analira, tinalulutira. Koma magazi anakana kuleka. Pofika madzulo Annie anali atatisiya. Pamaliro ndinaona a Boaz akutulutsa mbuzi m'khola. Ndinawatsina bambo ake Annie, ndikuti nenani, ndi ya chindapusa imeneyo. Anandiyankha kuti, 'Munthu wakumbira mwana wanga nyumba, dothi lili m'mutu, ine ndimuuze kuti siya mbuzi?' Basi. Anadya anthu."

"A Boaz sankadziwa za chindapusa?"

"Mudzi wonse sudziwa. Amuna anga anauza anthu kuti mlandu unatha, poopa manyazi. Ndipo musawatenge a Boaz, bwana, ndapota nanu. Mwana wawo Rabecca ndi amene akuyamwitsa uyu. Akakhumudwa, bere likauma, ndikwirira awiri."

Kumbuyo kunamveka kutsokomola. Whiteson atacheuka anaona nkhalamba yaifupi, ndevu zoyera mbuu, khasu lili paphewa. Inali itaima pakona pa nyumba, ndipo nkhope yake inkaonetsa kuti yamva zonse.

"Edita, ukuti chiyani?" Khasu linatsetsereka n'kugwa. "Ya chindapusa? Ndiye kuti ine ndinadya ndende ya mnzanga? Ndinanyambita ndi zala zomwe!"

"A Boaz," anatero Whiteson, "kuti a Mbewe atuluke, pafunika munthu akanene kukhoti kumene mbuzi inapita. Koma ndisakunamizeni. Bwana anati yabedwa kapena yabisidwa, njira yachitatu sanaitchule. Akhoza kunena kuti wakuba ndinu."

Boaz anayang'ana khanda, nayang'ana kumsitu kuja.

"Rabecca!" anafuula. "Tulutsa malaya anga a kutchalitchi."

* * *

Loweruka m'mawa khoti linali ndi anthu ochepa, mvula ikuwaza pamalata. Lazaro atalowetsedwa n'kuona Boaz pabenchi, malaya atamangidwa mabatani mpaka pakhosi, anabwerera m'mbuyo ngati waponda moto.

"Mwamtengeranji ameneyu? Ndinati musawamange!"

Whiteson anayala chikopa pansi nafotokoza zonse mwadongosolo, kuyambira kwa Kasimu mpaka pakhonde la Edita. Za liwu lija anangoti lili ndi matanthauzo awiri, ndipo iye mwini anasokera nalo. A Mafulumira anamvetsera osamdula, chimene sichinkachitika kawirikawiri. Kenaka analoza Boaz ndi cholembera.

"Iwe ndiwe mdzukulu wa munthu uyu?"

"Inde, bwana," anatero Boaz, amene ankaposa Lazaro ndi zaka zambiri ndithu.

"Unatenga mbuzi yake?"

"Ndinatenga, ndinapha, ndinagawa. Chiwindi ndinadya ndekha."

"Anakupatsa?"

"Sanandipatse. Sitipempha."

A Mafulumira anatsamira kumbuyo. "Ndiye wakuba tampeza."

"Iyayi!" Mawu a Lazaro anadzaza khoti lonse, mpaka mlonda anagwira ndodo. "Iyayi, bwana! Ameneyu analowa m'dzenje kukalandira mwana wanga. Anamgoneka bwino, anamtchinga kuti dothi lisamgwere kumaso. Ine sindikanatha. Akanafuna akanatenga ndi nyumba yomwe. Ndipatseni miyezi itatu yanga ndikagwire, koma dzina loti wakuba musampatse."

Whiteson anaona kuti ngati walakwitsa pobwera ndi Boaz, ndiye kuti lero atsekera nkhalamba ziwiri m'malo mwa imodzi.

A Mafulumira anavula magalasi nawapukuta nthawi yaitali. Polankhula, anachita kusankha mawu a Chinyanja amodziamodzi.

"Lazaro, tsiku lija bwanji sunandiuze kuti mwana wako wamwalira?"

"Pakamwa panakana, bwana."

Mzunguyo anagwedeza mutu pang'onopang'ono. "Mwini mbuzi sakudandaula, ndiye palibe wakuba. Koma chindapusa sindingachifafanize, lamulo silindilola. Ndingathe kudikira. Udzapeza liti?"

Lazaro analibe choti n'kuloza.

"Tikakumba nshawa, bwana," analowerera Boaz. "Munda wake ndi wanga tilima pamodzi. Akalephera mudzatenge ine, ndilibe mano oti n'kukutherani chakudya kundende."

"Chabwino. Mpaka mutakumba mtedzawo. Pitani mukabzale."

Panja mvula inali itakata. Whiteson anamasula Lazaro namperekeza pamasitepe. Lazaro anangoima chilili, maso ali gwa kumapiri, ngati munthu amene sakudziwa kuti kwawo n'kuti. Edita anali atauza Whiteson kumudzi kuja kuti chiikireni maliro, bamboyo anali asanagwetse msozi ndi umodzi womwe.

Apo Boaz anamasula batani la pakhosi, nalavula malovu pambali. Mdzukulu ntchito yake sithera kumanda. Amayenera kunyoza namfedwa mpaka mtima utamasuka, ndipo palibe amene amamkwiyira.

"Iwe Lazaro, ndikuuze zoona pamaso pa boma. Mbuzi yako ija inali yoipa. Mafupa okhaokha! Ndinatafuna mpaka nsagwada kuwawa. Imeneyo n'kumafera ndende? Ukadzafa iwe undisiyire ng'ombe, apo ayi ndidzakukumbira dzenje lofika m'mawondo, miyendo ili kunja."

M'kamwa mwa Lazaro munatuluka kaphwete kamodzi, kenaka kena, mpaka anaseka ndithu atagwira phewa la mnzakeyo. Koma kusekako kunatembenuka pakati. Anakhala pansi pamasitepe onyowa, manja kumutu.

"Annie! Annie mwana wanga ine! Wandisiya bwanji, mayi wanga iwe!"

Amwenye a m'masitolo anatuluka kudzaona. Mlonda anafuna kutsika kuti akawachotse, koma Whiteson anamtchinga ndi mkono, iye mwini maso atadzaza misozi. Boaz anakhala pansi m'matope momwemo ndi malaya ake a kutchalitchi, nakokera mutu wometawo pachifuwa pake.

"Lira, m'bale wanga, lira," ankatero akumsisita pamsana. "Inali yonona mbuzi ija. Ndimanama ine. Inali yonona kwambiri."